Chithunzi Chopanda Nkhope

Ine chithunzi ndimachiopa, ndipo ndinene poyambirira pomwe kuti musadzati gogo uja adangozungulira mutu. Ng'ona ya mu Bua ndimaiopanso, koma ng'ona ili ndi kwawo. Ukapanda kutsikira kumadzi siikulondola kunyumba. Chithunzi chimalondola. Fauzia, mwana wa malemu Alufandika, adajambulitsa kamodzi kokha atavula mpango ndi zina zimene pakamwa panga sipanganene, n'kutumizira mnyamata amene ankati amukwatira. Mwezi usadathe, chithunzicho chidali m'mafoni a asodzi kuyambira padooko pathu pano mpaka ku Dwangwa. Lero Fauzia ali kwa azakhali ake ku Salima, ndipo ngakhale pa Idi sabwera.

Nasra ndi mdzukulu wanga, mwana wa mwana wanga wamkazi amene adatisiya iye akadali kumbuyo. Ndamulera ndine. Atamaliza sekondale adakakhala ku koleji ina ku Lilongwe, kenaka n'kubwerera kudzawerengera mayeso pakhomo. Mayesowo akuti ndi a satifiketi ya netiweki, ija imayendetsa mauthenga m'mafoni ndi m'mabanki. Laputopu adamugulira ndi amalume ake, Hussein, mwana wanga wamwamuna, atagulitsa injini yakale ya boti. Tsiku lomupatsa, Hussein adalankhula ine ndili pomwepo.

"Ichi n'cha sukulu. Ndikadzangomva kanthu ka aibu, kotichititsa manyazi, ndidzachinyamula n'kukachigulitsa, iwe udzalowe m'dambo kukawokera mpunga ngati anzako."

Hussein sanena kawiri. Adatengera bambo ake.

Kuyambira pamenepo ine tulo tidachepa. Mwana wamkazi kukhala tsiku lonse maso ali pagalasi, milomo ikuyenda yokha, munthu wamkulu ungangoyang'ana? Ndinkakhala pamkeka pafupi naye, kusenda chinangwa, diso limodzi lili kwa iye. Tsiku lina ndidamufunsa kuti timabokosi tojambulidwa pagalasipo, tolumikizana ndi tizingwe, n'tachiyani.

"Awa ndi marauta, agogo. Rauta ndi bokosi lolandira uthenga n'kuuuza njira. Zili ngati munthu woima pamphambano, kumauza alendo kuti ya ku Nkhunga ndi iyi, ya ku Boma ndi iyo. Mabokosi enieniwo ndi odula, sindingawapeze. Ndiye ndimamanga abodza m'kati muno n'kumaphunzirirapo. Amati labu."

"Abodza?"

"Ongoyerekeza, agogo."

"Bodza lili ndi mwini wake, Nasra, ndipo mwini wakeyo ukumudziwa."

Adaseka mpaka kutsokomola. Ana amasiku ano ukawachenjeza amakuona ngati wailesi.

Mvula itafika pachimake, Bua atadzaza mpaka kumiza madimba a kumunsi, ndidaona kuti mwanayo wasintha. Sankadya bwino. Ankadina, kudikira, n'kutsonya.

"Watani?"

"Marauta anga ali gwa, sakudzuka. Mayeso ndi mwezi wamawa, ine sindinayeserepo chilichonse. Akufunika ma imeji."

"Imeji n'chiyani?"

Adakanda kumutu. "M'Chichewa... tingoti chithunzi."

Mpeni udandigwa m'manja.

"Chithunzi cha yani?"

"Cha rauta, agogo. Cha zonse zimene zili m'mutu mwake. Popanda icho bokosilo ndi chigoba chabe."

"Nanga ukachitenga kuti?"

"Kwa Ramsey. Kusukulu adandipatsa chilolezo chozitengera pa intaneti, koma n'zazikulu, netiweki yathu ino singazikoke. Iye kushopu kwake ali ndi yamphamvu."

Ramsey ndimamudziwa. Ali ndi kashopu kumsewu waukulu, amatchaja mafoni, kuika nyimbo, ndi kujambula anthu tizithunzi ta ziphaso. Amavala magalasi akuda ngakhale kukugwa mvula. Munthu wobisa maso, inu, amakhala akubisanji?

Ndidamuuza Nasra za Fauzia. Adati akuidziwa nkhaniyo. Ndidamuuzanso. Adati, "Agogo, si zithunzi zimenezo," n'kuvala mpango wake, ulendo. Tsiku limenelo adabwera chimanjamanja, ati magetsi adazima. Mawa lake adapitanso, ati zadukira panjira. Mkuja wake chimodzimodzi. Ine n'kumati m'mtima, umu ndi momwe amakokera nsomba, chingwe sachikoka kamodzi.

Mtima ukalema umafuna potula. Lachitatu tikuvuula chinangwa kuchithaphwi, ndidanong'oneza apongozi anga, Madina, mkazi wa Hussein. Ndidati, "Izi zikhale zathu, amuna anu asamve. Mwana uja akuyendera Ramsey, akuti nkhani ya zithunzi." Madina adaphimba pakamwa ndi dzanja lonyowa n'kulumbira kuti sanena. Ndikuuzeni inu amene muli ndi apongozi: munthu akalumbira asadakulole kumaliza, mawu ako ali kale panjira.

Lachinayi Nasra adabwera akuthamanga, nkhope ili ngwee. M'dzanja adali ndi kanthu kofiira, kofanana ndi chala chakumapeto.

"Zonse zili umu, agogo! Iyi ndi fulashi ya Ramsey, wandibwereka. Ndikangokopera m'laputopu, basi ndayamba."

Adakabaya m'mbali mwa laputopu. Pagalasi padatuluka kamzere kobiriwira, kakukwawa pang'onopang'ono ngati bongololo.

"Zikulowa. Musakhudze, chonde. Ndikatunge madzi a udhu, tidziyeretse, nthawi ya swala yayandikira."

Adatuluka ndi ndowa. Ndidatsala ine ndi kamzereko. Ndinkakayang'ana kakukwawa, ndikuganiza kuti kakafika kumapetoko, chilichonse chimene Ramsey waika m'kachala aka chikhala chalowa m'nyumba mwanga. Kaya ndi zithunzi zake zonyansa, kaya ndi za mwana wanga yemwe, atamunyengerera kuseri kwa shopu. Ndipo tsiku lina Hussein adzatsegula n'kuziona.

Kamzereko kadali chapakati. Ndidati bismillah, n'kuzula.

Laputopu idalira kamodzi ngati kambalame. Ine kachalako ndidakamanga pamfundo ya chitenje, pamene ndimasunga kiyi wa sutikesi, n'kubwerera pamkeka wanga.

Nasra atalowa adaima ngati waponda njoka. Adafufuza pansi pa tebulo, adakutumula mkeka, adasesa nyumba yonse, mpaka kuthamangitsa nkhuku poganiza kuti yatola.

"Agogo, simunaone kanthu?"

"Maso anga ndi akale," ndidatero. Si bodza limenelo, koma si yankhonso.

Ndidaganiza zokakataya mu Bua m'mamawa. Koma nanga mlamba ukakameza, wina n'kuugwira, n'kukakapeza m'mimba? Kukatentha ndidaopa, sindidziwa chimene chingatuluke mu utsi wake. Kukakwirira, mvula imafukula. Kadagona m'chiuno mwanga, kakundibaya ngati munga.

Lachisanu kudacha kuli mitambo yokhayokha, monga kudakhalira sabata yonseyo. Sola yathu ya padenga inkangopereka kamoto kochepa, ndipo Nasra sadayatse laputopu pofuna kusunga batire. Anthu atatuluka ku mapemphero a Juma, ndidaona kanzu yoyera, mkanjo uja wa ku mzikiti, ikubwera m'kanjira ka m'chinangwa. Hussein. Kumbuyo kwake Madina, maso ali pansi.

Adapereka salamu, ine n'kuyankha. Mpando adaukana. Adakhala pakhonde, kofia ili kumutu.

"Nasra. Bweretsa chinthu chija."

Mwanayo adabweretsa, n'kugwada chapatali.

"Yatsa. Ndikufuna ndione zithunzi za Ramsey."

Nasra adatembenuka kundiyang'ana. Ine ndidayang'ana mvula imene idali itayamba kudontha kudenga.

"Amalume, si zithunzi zoti munthu n'kuona ndi maso."

"Chithunzi chosaoneka ndi maso? Ukundiyesa mwana wa mkaka ine?"

"Ndi dzina chabe. Ndi mafayilo oyendetsera marauta."

"Tsegula."

Adayatsa. Adaloza kanthu kamodzi koyera pagalasi. "Iyi ndiyo idalowa dzulo. Kaya idalowa yonse kaya theka, sindinayese." Adadinapo. Padatuluka kabokosi ka mawu, nkhope ayi.

"Waikapo loko," adatero Hussein, mawu ali pansipansi. Hussein akakwiya sakuwa, amatsitsa mawu.

"Sindinaike loko. Siitseguka choncho. Dikirani ndidzutsire rauta, muone ntchito yake. Koma batire yatsala pang'ono."

"Ineyo nthawi ndili nayo."

Mwanayo adasendeza laputopu pafupi. Adakoka kabokosi kamodzi, n'kudina. Galasi lidada bii, ndipo timalemba toyera tidayamba kuthamanga kuchokera pansi kukwera m'mwamba, ngati usipa pa nyali. Madina adasendera pafupi. Timalembato tidathamanga, tidathamanga, kenaka zii. Tidaima.

Nasra adadikira. Palibe.

"Ndiyambirenso."

Tidathamanganso, n'kudzaima pamalo omwe aja. Hussein adafika Sitandade 8, Chizungu amachitola apo ndi apo. Adaloza ndi chala.

"Liwu ili ndikulidziwa. Likuti chalakwika."

"Fayiloyo idaduka, amalume. Yathunthu ili mu fulashi."

"Bweretsa fulashiyo."

"Yasowa."

"Yasowa." Hussein adagwedeza mutu pang'onopang'ono. "Dzulo inalipo. Lero ndabwera ine, yasowa. Chithunzi chako sichioneka, rauta yako siidzuka, fulashi yako yamera miyendo. Kumsika anthu akundiyang'ana ngati ndadzola phulusa. Mayi ako adakusiya m'manja mwanga, Nasra. Sindidzalola dzina lako liyende m'matumba a asodzi."

Adatseka laputopu. Adatulutsa jumbo m'thumba la kanzu, n'kuyamba kuikulunga kuti isanyowe. Pamenepo ndidadziwa kuti adabwera ataganiza kale. Munthu sanyamula jumbo popita ku Juma.

Nasra sadalire. Bola akadalira. Adangoti, "Mayeso ndi mwezi wamawa, amalume," mawu ouma ngati makaka.

"Mpunga nawonso ukudikira."

Ine dzanja langa lidali pamfundo ya chitenje, nditaifinya osadziwa. Ndidazindikira nditaona kuti Nasra sakuyang'ana amalume ake, sakuyang'ana laputopu, akuyang'ana dzanja langalo. Adaliyang'ana nthawi yaitali. Kenaka adakweza maso.

"Agogo," adatero motsitsa, "munandisambitsa ndinu. Mukundidziwa."

Inu amene simudalerepo mwana wamasiye simungamve chimene chidachitika m'chifuwa mwanga. Ndikakhala chete, laputopu ipita, mwana alowa m'dambo, koma palibe amene adzaone chimene chili m'kachalako. Ndikapereka, n'kupezeka kuti muli zimene ndinkaopazo, ndiye kuti ndamuvula ndekha pamaso pa amalume ake ndi pamaso pa Madina, amene pakamwa pake ndi pamsika. Fauzia nayenso adasambitsidwa ndi agogo ake. Nawonso ankati akumudziwa.

Hussein adaimirira, jumbo ili m'khwapa. Adatsika sitepe ya khonde.

"Iwe Hussein."

Adatembenuka. Ndidali ndisadamutchule choncho chikwatirireni.

"Khala pansi."

Mfundoyo idali italimba ndi thukuta, zala zidakanika. Ndidamasula ndi mano. Kiyi adagwa pansi, ngwee, ndipo kachala kofiira kadatsala m'dzanja langa.

"Amayi!" adatero Hussein.

"Ndinazula ndine, zikulowa. Usandifunse. Khala pansi, tione tonse. Ngati muli aibu, ndi yanga ndi mwanayu, tiisenza."

Nasra adatenga osandiyang'ana. Adatulutsa laputopu m'jumbo muja, n'kuivundukula patebulo la pakhonde. Pakona pa galasi panali kanthu kofiira kakuphethira.

"Batire ikutha. Ikazima basi, mpaka dzuwa lidzawale."

Adabaya kachalako n'kudina. Ine ndidatsinzina. Ndidayamba kupemphera duwa yonse imene ndimaidziwa, mawu akusokonekera m'kamwa.

"Iii!" adakuwa Madina.

Ndidati basi, zachitika, Fauzia wachiwiri watuluka m'nyumba mwanga.

Kenaka ndidamva Madina akupuma modabwitsa, ngati wotsamwa. Ndidatsegula diso limodzi. Mayiyo adali ataluma nsonga ya mpango, mapewa akugwedezeka. Pagalasi panali nkhope ndithu. Nkhope ya mwamuna wa ndevu, diso limodzi lotsinzina, kukamwa kuli yasa ngati kampango wa pa thandala.

Adali Hussein.

"Ichi n'chimene munajambulitsa cha chiphaso cha boti chija," adatero Madina, misozi ikutsika. "Chija munakana kuti ajambulenso!"

"Tseka pakamwa," adatero Hussein. Makutu ake adachita kusintha mtundu. "Ramsey ameneyu akusungiranji nkhope yanga?"

"Fulashi ndi ya ntchito zake, amalume. Zanga ndi izi." Nasra adaloza tinthu toyera tondandana pansi pa nkhopeyo, topanda maso, topanda mphuno. Hussein adamuuza kuti atsike mpaka pansi penipeni. Adatsika. Adamuuza akwerenso. Adakwera. Munalibe nkhope ina.

Koma Hussein jumbo adali asadaitaye.

"Kusapezeka kwa zoipa sikundiuza kuti izi n'za sukulu. Wayenda kwa mnyamata uja sabata yonse. Ndione chimene unkayendera."

Nasra adasankha kamodzi kakang'ono pa tinthu toyerato. Kamzere kobiriwira kaja kadatulukanso n'kuyamba kukwawa. Kofiira kaja kankaphethirabe pakona. Mphepo idawomba, tebulo lathu la miyendo yosiyana lidagwedera, ndipo ndidaona kachalako kakusuntha pang'ono. Sindidziwa kuti ndidadzuka bwanji. Ndidangopezeka ndagwada pambali pa tebulo, chala changa chitakanikiza fulashi kuti isatuluke.

"Agogo, siituluka yokha."

"Iwe yang'ana zako."

Ndidagwira choncho mpaka dzanja lidachita dzanzi. Bongololo uja adakwawa, adaima, mtima wanga n'kuima naye, adakwawanso, mpaka adafika kumapeto.

Galasi lidadanso. Timalemba tidathamanga, tidafika pamalo paja tidaima poyamba. Tonse tidasiya kupuma, ngakhale Madina. Timalembato tidadutsa. Tidapitirira kutsika ngati madzi opeza ngalande, kenaka tidakhazikika, kanthu kakang'ono kakuphethira kumapeto ngati kakudikira kuuzidwa zochita.

"Yadzuka," adatero Nasra.

Adadzutsa bokosi lachiwiri, n'kulumikiza ndi kachingwe kojambula. Zala zake zinkagunda mabatani ngati mvula pamalata, ndipo nkhope yake idali ya munthu wina, wamkulu, amene sindidamuonepo m'nyumba mwanga.

"Amalume, ili ndalitcha Bua, ili Nkhunga. Ndituma uthenga kuchoka ku Bua. Mukaona timadontho, ndiye kuti wasochera, ndipo mutenge laputopuyo. Mukaona timitengo toimirira, wafika n'kubwerako."

Adadina.

Kadontho.

Hussein adakoka mpweya. Ine chala changa chidali chikadali pa fulashi, ndipo ndidamva magazi akugunda m'menemo.

Kenaka kamtengo. Kena. Kena. Kenanso, tonse chilili ngati mizati ya thandala.

Ine sindidziwa chilembo ngakhale chimodzi, koma timitengo timeneto ndidatiwerenga.

Tisadalankhule kanthu, galasi lidathima lokha. Batire idatha.

Hussein adayang'anitsitsa galasi lakudalo. Kenaka adapinda jumbo ija bwinobwino n'kuibweza m'thumba.

"Madzulo utumize munthu adzatenge batire ya boti," adatero, osayang'ana aliyense. "Dzuwa ili silituluka msanga." Adaimirira n'kukonza kofia. "Ndipo kwa Ramsey uzipita ndi munthu."

"Mukupita kuti mvula ino?" adafunsa Madina.

"Kukafufutitsa nkhope yanga."

Adalowa m'mvula, kanzu ikumata kumsana, Madina akumutsatira akusekabe chamumtima. Ndidamukuwira Hussein kuti ayende m'mbali mwa msewu, komanso kuti akaonetsetse ndi maso ake kuti chafufutidwadi, poti zinthu zimenezi zimabereka. Sadatembenuke.

Tidatsala awiri. Nasra adazula fulashi, adalowetsa laputopu m'nyumba, n'kukhala pakhomo atandipatsa msana. Ndidatola kiyi wanga. Ndidamanganso mfundo, yopepuka tsopano.

"Nasra."

Adapitiriza kuyang'ana kunja.

Ndidapita kukhitchini, ndidakazinga mtedza pang'ono, n'kudzamuikira pambali. Sadaukhudze. Mvula inkangogwa. Ndidakhala pamkeka wanga, maondo akuwawa chifukwa cha kugwada kuja, ndikuganiza kuti mwina laputopu ndaipulumutsa koma mwana ndamutaya.

Patapita nthawi ndidayesanso.

"Nanga kadontho koyamba kaja? Uthenga umene uja udapita kuti? Usandiuze kuti uli m'manja mwa munthu."

Ndidaona phewa lake likusuntha. Dzanja lidatsika, lidatola mtedza umodzi.

"Woyamba umatayika, agogo," adatero, akuyang'anabe kunja. "Umakhala ukufunsa kaye kuti mnzakeyo ali kuti. Otsatirawo ndiye amafika."

"Umatayika nthawi zonse?"

"Poyamba pokha."

Ndidasendera pafupi pang'ono, mkeka ndi ine ndemwe.

"Kwa Ramsey ndizikuperekeza ndine," ndidatero. "Ndipo ukamuuze avule magalasi aja ndikamalankhula naye."

"Mukakhudzanso zinthu zanga, agogo, ndidzakujambulani."

"Astaghfirullah! Usayerekeze."

Adakankhira mbale ya mtedza pakati pathu.